PAPA YOHANE WA 23 WOYERA: MWANA WA MLIMI AMENE ANALANKHULA NDI MBALI ZONSE ZIWIRI

Chaka chilichonse pa 11 Okutobala Mpingo wa Katolika umakumbukira Papa Yohane wa 23 Woyera. Ambiri mwa ife timawadziwa ngati Papa amene anaitanitsa Msonkhano Waukulu Wachiwiri wa ku Vatican. Ife a ku Lilongwe tili ndi chifukwa china chowakumbukira: ndi iwo amene, pa 25 Epulo 1959, anakhazikitsa madayosizi okhazikika m'dziko lino, ndipo Lilongwe inakhala Dayosizi pansi pa Ambuye Joseph Fady. Chinali chaka chomwecho chimene Asisteri a Chikarmeli ochokera ku Luxembourg anatsegula chipatala cha St. Gabriel ku Namitete. Koma pali mbali ina ya moyo wao imene siikambidwa kawirikawiri m'maphunziro a katekisimu. Pa nthawi imene dziko la America ndi la Soviet Union ankalozana zida zokhoza kutha mtundu wa anthu, nkhalamba imeneyi, yodwala kale, inayesetsa kuti adani awiriwa asasiye kulankhulana. Imeneyi ndiyo mbiri imene tikufuna kuikamba pano.

UBWANA WAO KU SOTTO IL MONTE

Angelo Giuseppe Roncalli anabadwa pa 25 Novembala 1881 m'mudzi wa Sotto il Monte, m'Dayosizi ya Bergamo kumpoto kwa Italy, ndipo anabatizidwa tsiku lomwelo. Anali mwana wachinayi, komanso mwamuna woyamba, wa bambo Giovanni Battista Roncalli ndi mai Marianna Mazzola. Makolo ake ankalima munda wa eni ake, ndipo akakolola ankagawana zokolola ndi mwini malo. Amene tinakulira pafupi ndi maesiteti a fodya a ku Nsaru ndi Kabudula tikuudziwa moyo wotere: thukuta ndi lako, koma pogawana dzinthu mawu otsiriza ndi a mwini munda. Chakudya cha tsiku ndi tsiku m'banjamo chinali polenta, chophikidwa ndi ufa wa chimanga, chosasiyana kwenikweni ndi nsima yathu. M'nyumba imodzi munkakhala mbumba yaikulu, ndipo amene ankatsogolera mapemphero ndi kolona madzulo anali agogo ena a m'banjamo, a Zaverio, amenenso anamuimira paubatizo.

M'chaka cha 1892 Angelo analowa seminale ya ku Bergamo. Ali ndi zaka 14 anayamba kulemba m'kabuku za moyo wake wauzimu, ndipo sanasiye chizolowezi chimenechi mpaka kukalamba. Mu 1901 anatumizidwa ku Roma kukapitiriza maphunziro, anagwirako ntchito ya usilikali chaka chimodzi monga mwa lamulo la dziko lake, ndipo pa 10 Ogasiti 1904 anadzozedwa kukhala wansembe.

Kuyambira 1905 mpaka 1914 Bambo Roncalli anali mlembi wa Episkopi wa ku Bergamo, Ambuye Giacomo Radini-Tedeschi. Kwa Episkopi ameneyu ndi kumene anaphunzira kuti mbusa sangakhale chete pamene nkhosa zake zikuponderezedwa. Mu 1909 anthu ogwira ntchito pa fakitale ya nsalu ku Ranica atanyanyala ntchito, Episkopiyo ndi mlembi wake anaima nao, ngakhale kuti ena anawaneneza ku Roma kuti akulowerera zosawakhudza. Nkhondo yoyamba ya dziko lonse itafika ku Italy mu 1915, Bambo Roncalli anatumikira m'zipatala za asilikali, poyamba ngati wosamalira ovulala, kenaka ngati wansembe wao. Kumeneko anaona ndi maso zimene nkhondo imachita kwa ana a eni ake, ndipo sanaziiwale. Mu 1921 Papa Benedikto wa 15 anawaitana ku Roma kuti ayendetse m'dziko la Italy bungwe losonkhanitsa thandizo la mamishoni.

ZAKA 20 KUM'MAWA

Mu 1925 Papa Pio wa 11 anawatuma ku Bulgaria ngati nthumwi yake, ndipo anadzozedwa Episkopi pa 19 Malichi chaka chomwecho. Mawu amene anasankha kuti awatsogolere pa uepiskopi wao anali awiri okha: kumvera ndi mtendere. Anafika mu mzinda wa Sofia patangopita masiku ochepa zigawenga zachikomyunizimu zitaphulitsa bomba m'tchalitchi cha Orthodox cha Sveta Nedelya ndi kupha anthu oposa 100. Imodzi mwa ntchito zao zoyamba inali kukazonda ovulala, osafunsa kuti ndi a mpingo uti.

Akatolika ku Bulgaria anali ochepa, omwazikana m'midzi ya kumapiri. Ambuye Roncalli ankawayendera pa ngolo ndi pa kavalo. Chivomezi chitagwa mu 1928 anagawa thandizo kwa onse, Akatolika ndi a Orthodox omwe. Anakumananso ndi zokhumudwitsa. Mfumu Boris wachitatu anakwatira mwana wamkazi wa mfumu ya ku Italy, Mkatolika, atalonjeza kuti ana adzabatizidwa Chikatolika, koma lonjezolo silinasungidwe, ndipo ku Roma ena anaona ngati nthumwiyo inalephera ntchito. Anakhala ku Bulgaria pafupifupi zaka khumi, nthawi zina akudzimva ngati oiwalika, koma sanapemphe kuti awasamutse.

Kumayambiriro kwa 1935 anasamukira ku Istanbul ngati nthumwi ya Papa ku Turkey ndi ku Greece. Boma la Turkey linali litaletsa zovala za chipembedzo pamsewu. Iwo sanakangane nalo, anavala suti. Analowetsa chilankhulo cha Chiteki m'mapemphero ena a m'tchalitchi, ndipo mu 1939 anakacheza kwa mtsogoleri wamkulu wa Mpingo wa Orthodox ku Istanbul, chinthu chimene chinali chosowa masiku amenewo. Pa nkhondo yachiwiri ya dziko lonse dziko la Turkey silinalowerere mpaka kumapeto, motero akazembe a mbali zonse ankakumana mu mzinda umodzi. Ambuye Roncalli ankalankhula ndi onse, ngakhale ndi kazembe wa Germany, Franz von Papen. Pogwirizana ndi bungwe la Ayuda, anatumiza zikalata zothandiza Ayuda othawa kuphedwa kuti adutse ulendo wa ku Palestine, ndipo anayesetsa kuti chakudya chifike ku Greece kumene anthu ankafa ndi njala.

Zaka 20 zimenezi ndizo zinali sukulu yao. Anakhala pakati pa anthu amene sanali Akatolika, ena a iwo okayikira Papa ndi zonse za ku Roma, ndipo anaphunzira kuti munthu ukamlonjera mwaulemu ndi kumumvetsera, khomo lake silitsekeka msanga. Akuluakulu athu amati kuona maso a nkhono nkudekha.

KU PARIS NDI KU VENICE

Mu Disembala 1944 Papa Pio wa 12 anawasankha mwadzidzidzi kukhala kazembe wake ku France, ndipo pa 1 Januwale 1945 anaonekera pamaso pa Charles de Gaulle. Boma latsopano linkafuna kuti Aepiskopi ambiri achotsedwe powaganizira kuti anagwirizana ndi ulamuliro umene unkamvera Germany. Ambuye Roncalli sanakane mwaukali ndipo sanavomere mofulumira. Anapempha umboni wa mlandu uliwonse paokha, nkhani inazizira, ndipo pamapeto pake ochepa okha ndiwo anatula pansi udindo. Ku Paris ankachezanso ndi kazembe wa Soviet Union pa nthawi imene Vatican inalibe ubale uliwonse ndi Moscow.

Mu Januwale 1953 anakwezedwa kukhala Kadinala ndi kutumizidwa kukatsogolera Mpingo wa ku Venice. Anali ndi zaka 71, ndipo ankaganiza kuti kumeneko ndiko adzagone. Koma Papa Pio wa 12 atamwalira, Makadinala anawasankha kukhala Papa pa 28 Okutobala 1958 ali ndi zaka 76. Anatenga dzina loti Yohane, lomwe linalinso dzina la bambo ao. Ambiri ankati uyu ndi Papa wongogwirizira mpando kwa zaka zochepa. Pa Khirisimasi yoyamba anakazonda ana odwala m'chipatala, m'mawa mwake nakacheza ndi akaidi a m'ndende ya Regina Coeli. Pa 25 Januwale 1959, pasanathe miyezi itatu ali pampando, analengeza kuti adzaitanitsa Aepiskopi a dziko lonse ku msonkhano waukulu. Pa 28 Malichi 1960 anasankha Ambuye Laurean Rugambwa a ku Tanganyika kukhala Kadinala woyamba wachikuda wa mu Africa m'mbiri ya masiku ano, ndipo pa 6 Meyi 1962 analengeza Martin de Porres kukhala Woyera.

DZIKO LOGAWIKA PAWIRI

Kuti timvetse zimene anachita pambuyo pake, tiyenera kukumbukira momwe zinthu zinalili. Nkhondo yachiwiri itatha mu 1945, maiko anagawika m'magulu awiri: a Kuzambwe motsogozedwa ndi America, ndi a Kum'mawa motsogozedwa ndi Soviet Union, kumene kunali ulamuliro wa chikomyunizimu wosavomereza Mulungu. Awiriwa sanamenyane maso ndi maso, nchifukwa chake nyengoyi imatchedwa ya nkhondo ya mawu, koma aliyense ankaunjika mabomba a nyukiliya ndi kuthandiza nkhondo m'maiko a anzake.

Mpingo wa Kum'mawa kwa Ulaya unali pamoto. Ambuye Josyf Slipyj, mtsogoleri wa Akatolika a mwambo wa Kum'mawa ku Ukraine, anamangidwa mu 1945, ndipo chaka chotsatira Mpingo wao unathetsedwa mokakamiza. Kadinala József Mindszenty wa ku Hungary anagamulidwa kukhala m'ndende moyo wake wonse mu 1949, ndipo kuyambira 1956 ankabisala m'nyumba ya kazembe wa America ku Budapest. Ambuye Josef Beran a ku Prague anatsekeredwa kuyambira 1949. Kadinala Stefan Wyszyński wa ku Poland anasungidwa m'ukaidi kuyambira 1953 mpaka 1956. Mu 1949 Vatican inalamula kuti Mkatolika wovomereza ndi kufalitsa chiphunzitso cha chikomyunizimu adulidwe mu Mpingo. Motero pakati pa Roma ndi Moscow panalibe kulankhulana, koma kudzudzulana kokha.

Papa Yohane sanasinthe chiphunzitso cha Mpingo pa nkhaniyi. Chimene anasintha ndi kalankhulidwe. Mu Ogasiti 1961 boma la East Germany linayamba kumanga chipupa chogawa mzinda wa Berlin, ndipo mantha a nkhondo anakula. Pa 10 Seputembala a Papa analankhula pa wailesi kupempha atsogoleri onse kuti akambirane, osaloza chala mbali imodzi. Mtsogoleri wa Soviet Union, Nikita Khrushchev, anayamikira mawuwo poyera, ndipo pa 25 Novembala, a Papa atakwanitsa zaka 80, anawatumizira uthenga wa mafuno abwino. Ena ku Vatican ankaona ngati ndi msampha chabe, koma a Papa anayankha mothokoza, naperekanso moni kwa anthu onse a ku Russia.

MASIKU A MANTHA A OKUTOBALA 1962

Msonkhano Waukulu unatsegulidwa pa 11 Okutobala 1962, pali Aepiskopi oposa 2,000 ochokera ku mbali zonse za dziko, ndipo tsiku lotsatira kunafika nthumwi ziwiri za Mpingo wa Orthodox wa ku Russia kudzaonerera. Chimene ambiri sankadziwa nchakuti mwezi wapitawo madokotala anali atapeza kuti a Papa ali ndi khansa ya m'mimba.

Patangopita masiku atatu, pa 14 Okutobala, ndege ya ukazitape ya America inajambula malo amene Soviet Union inkaikapo mizinga ya nyukiliya pa chilumba cha Cuba, mtunda wa makilomita pafupifupi 150 kuchokera ku Florida. Pa 22 Okutobala Pulezidenti John F. Kennedy, Mkatolika woyamba kulamulira America, analengeza pa televizioni kuti zombo zake za nkhondo zitchinga njira ya panyanja yopita ku Cuba. Zombo za Soviet Union zinali kale m'njira. Zithunzi za masiku amenewo ndi zimene timaziona lero m'mafilimu a mbiri yakale pa televizioni. Makolo athu a ku Nyasaland analibe televizioni, ndipo nkhani za kunja ankazimvera pa wailesi. Koma bomba la nyukiliya silisankha amene wamva ndi amene sanamve.

Vuto lalikulu linali lakuti mtsogoleri aliyense ankaopa kuoneka wamantha akabwerera m'mbuyo. Ankhoswe onse amene anaweruzapo mlandu wa banja akudziwa zimenezi: nthawi zambiri mbali zonse ziwiri zimakhala zatopa ndi mkangano, koma palibe wofuna kuyamba kutsitsa mawu, mpaka munthu wachitatu atawapatsa potulukira mosachititsa manyazi. Sabata imeneyo ku Andover, m'dziko la America, kunali msonkhano wa anthu ophunzira a maiko awiriwa. Kudzera mwa mkonzi wa magazini wina wa ku America, Norman Cousins, ndi wansembe wa chipani cha Dominiko Woyera, Bambo Felix Morlion, uthenga unafika ku Vatican wakuti mawu a Papa angathe kulandiridwa ndi mbali zonse ziwiri.

Pa 25 Okutobala masana a Papa analankhula pa wailesi ya Vatican m'Chifalansa, ndipo uthengawo unaperekedwanso kwa akazembe a America ndi Soviet Union ku Roma. Unali waufupi. Sanatchule dzina la Kennedy, la Khrushchev kapena la Cuba. Anapempha onse olamulira kuti amve kulira kwa ana, kwa nkhalamba ndi kwa anthu wamba ofuna mtendere, kuti apitirize kukambirana, ndipo ananena kuti kuvomera zokambirana si kufooka koma nzeru imene mbiri idzaiyamikira. Tsiku lotsatira nyuzipepala ya chipani cha chikomyunizimu, Pravda, inasindikiza mawuwo. Pa 28 Okutobala a Khrushchev analengeza kuti achotsa mizinga ija.

Pano tiyenera kunena zoona zokhazokha. Si mawu a Papa okha amene anathetsa vutoli. Atsogoleri awiriwa ankalemberana makalata. America inalonjeza kuti sidzathira nkhondo Cuba, ndipo mwamseri inavomera kuchotsa mizinga yake ku Turkey. Chimene a Papa anachita chinali kuika poyera, pamaso pa dziko lonse, kuti wobwerera m'mbuyo adzalemekezedwa osati kunyozedwa. Ndipo zimene zinatsatira zikuonetsa kuti ku Moscow mawuwo anamveka.

ZIPATSO ZOYAMBA NDI ZITONZO

Mu Disembala 1962 Norman Cousins anakumana ndi a Khrushchev ku Moscow atadzera ku Vatican, ndipo anapereka pempho lakuti Ambuye Slipyj amasulidwe. Mu Febuluwale 1963, patatha zaka 18 za ndende ndi ntchito yakalavulagaga, Ambuye Slipyj anafika ku Roma ndipo a Papa anawalandira ndi manja awiri. Sanaloledwe kubwerera kwao. Anamwalira ku Roma mu 1984.

Pa 7 Malichi 1963 a Papa analandira m'chipinda chao Alexei Adzhubei, mkonzi wa nyuzipepala ya boma ya Izvestia komanso mkamwini wa a Khrushchev, pamodzi ndi mkazi wake Rada. Anafunsa maiyo maina a ana ake atatu, ndipo atamva kuti wotsiriza ndi Ivan, lomwe ndi dzina loti Yohane m'Chirasha, anatumiza moni wapadera kwa mwanayo. Anapatsa Rada kolona, akudziwa kuti anakulira m'banja losapemphera. Pa za kukhazikitsa ubale pakati pa Vatican ndi Moscow, anati zimenezi ziyende pang'onopang'ono.

Pa 11 Epulo 1963, Lachinayi Loyera, anatulutsa kalata yao yotsiriza, Pacem in Terris, kutanthauza mtendere pa dziko lapansi. Inali kalata yoyamba ya mtundu umenewu kulemberedwa osati Akatolika okha koma anthu onse a mtima wabwino. Inaphunzitsa kuti mtendere umaima pa mizati inayi: choona, chilungamo, chikondi ndi ufulu. Inandandalika maufulu a munthu aliyense: moyo, chakudya, chithandizo cha mankhwala, maphunziro, malipiro oyenera, kupembedza Mulungu motsata chikumbumtima, kulankhula maganizo ake, kusonkhana ndi anzake ndi kutenga mbali pa kayendetsedwe ka dziko. Inapempha kuti mpikisano wa zida uthe ndi kuti zida za nyukiliya ziletsedwe. Inatchula zizindikiro zitatu za nyengoyo: kukwera kwa anthu apantchito, kulowa kwa amai m'zochitika za dziko, ndi kutha kwa utsamunda. Pamene kalatayi inkatuluka, Dr. Hastings Kamuzu Banda anali atangokhala nduna yaikulu ya Nyasaland mu Febuluwale, ndipo chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland chinali chitatsala miyezi yowerengeka kuti chithe. Koma mfundo imene inautsa mapiri pachigwa inali yakuti tiyenera kusiyanitsa cholakwa ndi munthu wolakwayo: chiphunzitso chonama chikanidwe, koma wochitsata sataya ulemu wake wa umunthu, ndipo nkotheka kugwira naye ntchito pa zinthu zabwino.

Kumapeto kwa mwezi womwewo ku Italy kunali chisankho, ndipo chipani cha chikomyunizimu chinaonjezera mavoti pafupifupi 1 miliyoni. Nyuzipepala zina zinaloza chala a Papa kuti kufatsa kwao ndiko kwachititsa. Enanso, makamaka mwa amene anazunzidwa Kum'mawa, ankafunsa kuti mbusa angapatsane bwanji moni ndi amene akumanga nkhosa zake. Funsoli silinali lachibwana, ndipo linapitirira zaka zambiri. Msonkhano Waukulu sunadzudzule chikomyunizimu pochitchula dzina, ngakhale Aepiskopi mazana anapempha kuti utero, ndipo Kadinala Mindszenty anamwalira mu 1975 ali wosakondwa ndi njira yokambirana ndi maboma amenewa. Yankho la Papa Yohane linaoneka m'zochita: kudzudzula kwa zaka zambiri sikunatsegule khomo la ndende, ndipo madayosizi ambiri anali opanda Aepiskopi. Motero m'miyezi yao yotsiriza Kadinala Franz König wa ku Vienna anakaona Kadinala Mindszenty, ndipo Monsinyo Agostino Casaroli anatumidwa ku Budapest ndi ku Prague kukayamba zokambirana.

IMFA YAO NDI ZIMENE ZINATSATIRA

Mu Meyi 1963 analandira mphotho ya mtendere ya Balzan, ali ofooka kwambiri. Anamwalira pa 3 Juni 1963, Lolemba lotsatira Pentekoste, ali ndi zaka 81, atakhala Papa zaka zinayi ndi miyezi isanu ndi iwiri yokha. Anthu a zipembedzo zosiyanasiyana, ndi osapembedza omwe, anawalira. Pa 20 Juni America ndi Soviet Union anagwirizana zokhazikitsa njira yolumikizirana mwachangu pakati pa atsogoleri ao, ndipo pa 5 Ogasiti, pamodzi ndi Britain, anasainira ku Moscow pangano loletsa kuyesa mabomba a nyukiliya mumlengalenga, kuthambo ndi m'madzi.

Papa Paulo wa 6 anapitiriza Msonkhano Waukulu mpaka kuutseka pa 8 Disembala 1965, napitirizanso zokambirana ndi maiko a Kum'mawa. Mu 1964 panakhala mgwirizano ndi Hungary, ndipo mu 1965 Ambuye Beran analoledwa kupita ku Roma. Mu 1975 Ambuye Casaroli anasainira m'dzina la Vatican pangano la ku Helsinki, limene linali ndi mfundo ya ufulu wa chipembedzo, ndipo anthu oponderezedwa Kum'mawa anaigwiritsa ntchito pofunsa maboma ao. Chipupa cha Berlin chinagwa pa 9 Novembala 1989, ndipo pa 1 Disembala chaka chomwecho Mikhail Gorbachev anakacheza kwa Papa Yohane Paulo wachiwiri ku Vatican. Papa Yohane wa 23 analengezedwa Wodala pa 3 Seputembala 2000, ndi Woyera pa 27 Epulo 2014, tsiku limodzi ndi Papa Yohane Paulo wachiwiri, amene anatiyendera kuno mu Meyi 1989.

KODI IFE ZIKUTIKHUDZA BWANJI?

Wina angaganize kuti izi ndi nkhani za Azungu. Koma njovu zikamamenyana umavutika ndi udzu. Mu 1964, patangopita miyezi iwiri tilandire ufulu, imodzi mwa nkhani zimene zinagawanitsa Kamuzu ndi nduna zake inali ya ubale ndi dziko la chikomyunizimu la China. Malawi anaima ndi maiko a Kuzambwe, ndipo kwa zaka zambiri maikowo sanafunse kwenikweni za anthu omangidwa popanda mlandu kuno. Ku Mozambique nkhondo ya Frelimo ndi Renamo, imene inakolezedwanso ndi mkangano wa mbali ziwirizi, inatibweretsera othawa kwao pafupifupi 1 miliyoni. Nkhondoyo inatha ndi pangano losainidwa ku Roma pa 4 Okutobala 1992, ndipo mwa amkhalapakati munali a gulu la Chikatolika la Sant'Egidio ndi Ambuye Jaime Gonçalves a ku Beira. Njira yao inali yomweyo ya Papa Yohane: kukhala pansi ndi mbali zonse ziwiri.

Kuno kwathu, pa 8 Malichi 1992, kalata ya Aepiskopi ya pa Lenti inawerengedwa m'matchalitchi onse, ndipo inakamba za malipiro, za maphunziro, za zipatala, za ufulu wolankhula ndi za omangidwa popanda kuzengedwa mlandu. Woiwerenga pambali pa Pacem in Terris adzaona kuti ndi mtsinje umodzi. Nkhondo ya mawu inali itatha, maiko othandiza anaimitsa thandizo lina mu Meyi chaka chomwecho, ndipo pa 14 Juni 1993 Amalawi anasankha ndale za zipani zambiri. Ngakhalenso Misa ya m'Chichewa imene timaiona ngati ya masiku onse, ndi miphakati imene Ambuye Patrick Kalilombe anailimbikitsa m'Dayosizi ya Lilongwe m'zaka za m'ma 1970, ndi zipatso za Msonkhano umene nkhalamba ija inaitanitsa.

Kwa ife akatekisi, atsogoleri a miphakati ndi akhristu tonse, phunziro lili pafupi. Si ambiri mwa ife amene tidzalankhule ndi atsogoleri a maiko. Koma ku Mpingu, ku Nambuma ndi ku Namitete kuli abale amene sapatsana moni chifukwa cha malire a munda, mbumba zogawikana pa za ufumu, ndi akhristu a mphakati umodzi amene amasiya kuyenderana nthawi ya chisankho. Papa Yohane sanabise chikhulupiriro chao pofuna kukondweretsa a Khrushchev, ndipo sanaleke kupempha kuti omangidwa amasulidwe. Anangokana kuona munthu ngati mdani ndi mdani basi. Anayamba ndi moni, anafunsa maina a ana, anasiyira mnzao potulukira, ndipo analandira zitonzo zochokera kwa a mbali yao yomwe popanda kubwezera. Ambiri anawaona ngati nkhalamba yopusitsika. Patapita zaka ndi pamene zinadziwika kuti mawu a akulu akoma akagonera.

Pokonzekera chikondwerero chao cha pa 11 Okutobala, mphakati uliwonse ungachite bwino kudzifunsa kuti ndi ndani m'mudzi mwathu amene tinasiya kulankhula naye, ndipo ndi ndani mwa ife amene angayambe kukagogoda pakhomo pake.

Yohane wa 23 Woyera, mutipempherere ife.